Uchema wa M'chigwa cha Shire Udikirabe Woujambula

Munthu woyenda m'dziko la Mfumu Ndamera, m'boma la Nsanje, kufupi ndi malire a ku Marka, salephera kuona migwalangwa itaima m'madambo ndi m'minda. M'mitengo yotere ndimo mutuluka uchema, chakumwa chimene anthu a m'chigwa cha Shire anachidziwa Azungu asanafike.

M'chaka cha 1859 Dr. David Livingstone anakwera mtsinje wa Shire pa sitima yotchedwa Ma Robert. Pafupi ndi dambo la Elephant Marsh iye anapeza nkhalango yaikulu ya migwalangwa yaitali, ndipo ntchito ya eni ake anaifotokoza m'buku lake la mu 1865. Iwo ankakhomera zikhomo m'thunthu kuti zikhale makwerero. Atafika pamwamba ankadula nsonga ya mphukira yobala zipatso, namangirirapo mphika wadothi wolandira madzi ake. Pokatsanula mphikawo ankasenganso pang'ono pa bala lija kuti madzi asaleke kudontha. Amuna ndi anyamata ankamanga misasa m'nkhalangomo, nakhala pafupi ndi mitengo yawo usana ndi usiku. Uchema wongotsika kumene unali wozuna, wosaledzeretsa, koma pakapita maola owerengeka unkasanduka waukali.

Chomvetsa chisoni nchakuti mmisiri wa zithunzi wa gululo, Thomas Baines, sanali nawo paulendowu. Iye anatsala ku Tete, ndipo chaka chomwecho Livingstone anamchotsa ntchito. Tsono Baines anasiya zithunzi za Zambezi, koma okwera migwalangwa a ku Shire sanawajambule. Ngakhale bukulo silitchula dzina la mwini mtengo ndi mmodzi yemwe.

Luso limeneli silikhala m'mabuku: mwana amaliphunzira ataima pansi pa mtengo, akupenya atate wake. Madzi osefukira a mu 2015 ndi namondwe wa Freddy mu 2023 zinasamutsa mabanja ambiri a ku Nsanje. Banja likasamuka mtengo utsala, ndipo mnyamata akula osadziwa podula mphukira.

M'chaka cha 2010 dziko la Malawi linavomereza pangano la UNESCO losunga miyambo, ndipo mu 2017 kaphikidwe ka nsima kanalembedwa m'kaundula wa bungwelo. Koma mwambo suloŵa m'kaundula popanda munthu woyamba kuulemba ndi kuujambula pamudzi.

Ntchito imeneyi siyenera kudikira mlendo wochokera kutsidya kwa nyanja. Mphunzitsi wa kwa Ndamera, kapena mlangizi wa zaulimi, angathe kukhala pansi ndi mkulu wodziwa za uchema, nalemba dzina lake, dzina la amene anamphunzitsa, ndi miyezi imene madzi adontha kwambiri. Najambulanso mpeni, mphika ndi makwerero, kenaka nkuzitumiza ku nyumba yosungiramo zakale ya ku Chichiri, mu Blantyre. Kutero sikulimbikitsa kuledzera ayi. Ndiko kusunga maina amene alendo a mu 1859 sanawalembe.