Tiamat, Cinjoka ca Mitu Isanu

Pali maiko ena amene sapezeka pa mapu. Maikowo anapekedwa ndi olemba mabuku ndi okonza masewera, amene anaikamo mapiri, mafumu, zirombo ndi milungu. M'maiko ena otere mumachuka cinjoka cacikazi coopsa, dzina lace Tiamat. Cinjokaco ncopeka, koma dzina lace ndi lakale ndithu.

M'caka ca 1974, ku America, amuna awiri, Gary Gygax ndi Dave Arneson, anaturutsa sewero lochedwa Dungeons & Dragons. Osewera amakhala mozungulira tebulo. Mmodzi ndiye wosimba nthano. Enawo samangobvomera monga acita ana pa nthano za madzulo, koma yense amasanduka munthu wa m'nthanomo, nanena cimene afuna kucita. Pofuna kudziwa ngati wapambana kapena walephera, amaponya daisi, kanthu kolembedwa manambala, kokhala ndi mbali 20.

Buku la zirombo za m'sewerolo, lochedwa Monster Manual, linaturuka mu 1977, ndipo m'menemo mfumukazi ya zinjoka zoipa inapatsidwa dzina lakuti Tiamat. Iri ndi thupi limodzi, koma mitu isanu. Mutu wofiira ulabvula moto, woyera cisanu, wamtambo mphezi, wobiriwira mpweya wakupha, ndipo wakuda ulabvula madzi aukali osungunula zinthu. Mdani wace ndiye mlongo wace Bahamut, cinjoka cokonda cilungamo. Mabuku ena a sewerolo asimba kuti mulungu wa zinjoka zonse, Io, anadulidwa pakati pa nkhondo, ndipo zigawo ziwirizo zinasanduka Bahamut ndi Tiamat. Buku lina la 2021 liti awiriwa ndiwo analenga dziko loyamba, lisanasweke. Motero Tiamat wa m'sewero ali wolenga ndiponso woononga.

Okonza sewerolo anabwereka dzinali ku Babylon, mudzi waukuru wakale umene Baibulo liucha Babulo. Mabwinja ace ali m'dziko la Iraq, pafupi ndi mtsinje wa Euphrates. Anthu a kumeneko ankalemba podinda bango pa dothi lofewa, naliumitsa. Ca m'ma 1850 Angelezi ofukula mabwinja anapeza mapale ambiri otere ku Nineveh, kumpoto kwa Babylon, m'nyumba ya mabuku ya mfumu Ashurbanipal. George Smith anawerenga ena mwa mapalewo ku London, ndipo mu 1876 anafalitsa nthano ya cilengedwe yochedwa Enuma Elish. Nthanoyo inalembedwa pa mapale asanu ndi awiri, ndipo yatha zaka ngati 3,000.

M'nthanomo Tiamat ndiye nyanja ya madzi a mcere, ndipo mwamuna wace Apsu ndiye madzi okoma a pansi pa nthaka. Paciyambi kunalibe thambo kapena mtunda. Madzi awiriwo anasanganikirana, ndipo mwa iwo munabadwa milungu. Milungu yaing'onoyo inasokosera kwambiri, kotero kuti Apsu anasowa tulo, natsimikiza mtima kuipha. Koma mmodzi wanzeru, dzina lace Ea, anamgoneka tulo ndi matsenga, namupha.

Patapita nthawi Tiamat anakwiya. Anabala zirombo 11, zina mwa izo njoka zazikuru zaululu, naika Kingu akhale kazembe wa nkhondo yace. Milungu yonse inagwidwa ndi mantha, kufikira Marduk, mwana wa Ea, anadzipereka kukamenyana naye. Koma iye anayamba wapangana nayo kuti akapambana adzakhala mfumu yao.

Marduk anatenga uta, ukonde ndi mphepo zamphamvu. Anamkola Tiamat mu ukonde, ndipo pamene iye anayasama kuti ammeze, Marduk analowetsa mphepo m'kamwa mwace kufikira mimba inatupa. Pamenepo anamlasa ndi mubvi. Tsono anang'amba mtembowo pakati, monga msodzi ang'amba nsomba. Cigawo cimodzi anacikweza cikhale thambo, cina cikhale dziko lapansi. M'maso mwace munaturuka mitsinje iwiri, Tigris ndi Euphrates. Kingu nayenso anaphedwa, ndipo ndi mwazi wace anthu analengedwa kuti azigwira nchito, milungu ipumule.

Kwa anthu a ku Babylon imeneyi sinali nthano yoseweretsa ai. Wansembe wamkuru ankainena pamaso pa fano la Marduk pa cikondwerero ca caka catsopano. Anthuwo anadziwa bwino ukali wa madzi, pakuti mitsinje imene inathirira minda yao ndiyo yomwe inkasefukira ndi kukokolola midzi. Nthanoyo inawalimbitsa mtima kuti cipwirikiti cingagonjetsedwe. Koma inacitanso nchito yina. Marduk anali mulungu wa Babylon. Pomkweza iye pamwamba pa milungu yonse, nthanoyo inakwezanso Babylon pamwamba pa midzi yonse. Asuri, amene likulu lao linadzakhala Nineveh, anazindikira cimeneci, ndipo polemba nthanoyo mwa iwo okha anacotsa dzina la Marduk, naikapo la mulungu wao Ashur.

Mapale akalewo sanena kuti Tiamat anali ndi mitu isanu, ndipo sanena poyera kuti anali cinjoka. Mituyo ndi mitundu yace anaionjezera ndi okonza sewero, amene sapembedza Tiamat konse, koma afuna mdani woopsa kuti sewero likome. Anasungapo dzina ndi ganizo lakale, lakuti cimene cibala moyo cikhozanso kuuononga.

Cifukwa cace wophunzira wanzeru akamva nthano amafunsa mafunso atatu: anaisimba ndani, anaitenga kuti, ndipo anafuna kuti omvera akhulupirire ciani? Wofunsa motero amakondwera nayo nthano, koma sanyengedwa nayo.

Mafunso

1. Kodi sewero la Dungeons & Dragons linaturuka liti, ndipo amalisewera bwanji?
2. Kodi anthu a ku Babylon ankalemba pa ciani?
3. Marduk anacita nao ciani mtembo wa Tiamat?
4. Ncifukwa ninji Asuri anasintha dzina m'nthanomo?
5. Tiamat wa m'sewero asiyana bwanji ndi Tiamat wa ku Babylon?