Mlatho wobwerera kumbuyo kwa nthawi umagwa munthu asanaponde

Pa 30 November 2022 magazini ya sayansi ya Nature inasindikiza kafukufuku wa gulu lotsogoleredwa ndi Maria Spiropulu wa pa yunivesite ya Caltech ku America. Dzuwa lisanalowe, nyuzipepala zina zinali zitalengeza kale kuti asayansi apanga wormhole, mlatho wolumpha mtunda ndi nthawi. Mpaka lero nkhaniyi imatulukirabe m'timakanema ta pa TikTok ndi pa WhatsApp, ataisakaniza ndi mphekesera ina yoti makina a CERN, aja ozungulira makilomita 27 pansi pa nthaka kufupi ndi Geneva, akutsegula khomo lopita ku zaka zakale ndipo maboma akubisa.

Palibe mlatho umene unamangidwa. Gulu lija linayendetsa masamu pa kompyuta ya Google yotchedwa Sycamore, pogwiritsa ntchito tizigawo take 9 towerengera totchedwa ma qubit, kuti lione mmene uthenga ungayendere mlatho wotere ukanakhalapo. M'chipindamo simunabooke bowo lililonse, ndipo eni kafukufukuwo ananena zimenezi poyera. Olemba mafilimu ndi masewera a pa kompyuta akamajambula mlatho wogumuka umene amatsenga ankapindirapo nthawi, sanama chifukwa aliyense akudziwa kuti ndi nthano. Onama ndi amene amatenga dzina la Einstein n'kulimata pa nthano kuti anthu akhulupirire, ena mwa anthuwo ali pachisoni chofuna kuonananso ndi omwe anatisiya.

Mlatho weniweniwo uli papepala. Mu 1935, Albert Einstein ndi Nathan Rosen ali ku Princeton anapeza kuti masamu a mphamvu yokokera zinthu amalola kuti malo awiri otalikirana alumikizike ndi kakhosi kakafupi. Yalani chitenje, nyerere ikhale kumapeto kwina ikufuna kukafika kwinaku. Mukapinda chitenjecho kuti mapeto awiriwo akumane n'kubowola ndi singano, nyerereyo yafika popanda kuyenda chitenje chonse. Umenewo ndiwo mlatho wa Einstein ndi Rosen.

Chimene ofalitsa mphekesera satchula n'chakuti masamu omwewo amaugwetsa mlathowo. Mu 1962, Robert Fuller ndi John Wheeler anaonetsa kuti khosilo silikhala lotseguka. Limayamba lotseka, limatseguka mpaka pamene lingathere, kenako mphamvu yake yomwe yokoka imalifinya mpaka kutsekekanso. Zonsezi zimachitika mofulumira moti ngakhale kuwala, kumene kumathamanga makilomita pafupifupi 300,000 pa sekondi imodzi, sikungalowe mbali ino n'kutulukira mbali inayo. Munthu wolowamo angafunike kuthamanga kuposa kuwala, ndipo palibe chinthu cholemera, ngakhale kafumbi, chimene chingatero. Amene walowa sabwerera ndipo safika tsidya. Amathera pakati, pamene zonse zimafinyidwa. Komanso mlathowu umapezeka m'masamu a black hole, koma ma black hole amene alipodi, monga ija ya mu mlalang'amba wa M87 imene chithunzi chake chinaonetsedwa mu April 2019, ndi nkhani ina. Black hole yobadwa pamene nyenyezi yaikulu yadzigwera ilibe tsidya linalo n'komwe, chifukwa pomwe pakanakhala mlatho padzaza mtembo wa nyenyeziyo.

Kip Thorne wa ku Caltech komweko anayesa kuuchirikiza mlathowu Carl Sagan atamufunsa nzeru polemba buku lake la Contact la mu 1985. Mu 1988, iye ndi Michael Morris anawerengetsa kuti khosi lingakhale lotseguka pokhapokha mutalitchinjiriza ndi chinthu chokankha m'malo mokoka, chokhala ndi mphamvu yochepera pa ziro. Mphamvu yotere imaoneka pang'ono kwambiri pakati pa timbale tiwiri tachitsulo toyandikana kwambiri, monga Hendrik Casimir ananeneratu mu 1948, koma palibe amene anaisonkhanitsapo yokwana kuchirikiza njira yodutsa munthu. Chaka chomwecho awiriwa pamodzi ndi Ulvi Yurtsever anaonetsa pomwe nthawi imalowera: mutatenga khomo limodzi la mlatho n'kuliyendetsa pa liwiro loyandikira la kuwala kenako n'kulibweza, makomo awiriwo angasiyane nthawi, ndipo wolowa kwina angatuluke kale. Ngakhale pamenepo, sangabwerere kupitirira tsiku limene makina obwerera kumbuyo kwa nthawi amenewa anapangidwa. Stephen Hawking mu 1992 anapereka ganizo lakuti malamulo a chilengedwe angawononge makina otere pa mphindi yomwe akuyamba kugwira ntchito. Ganizoli silinatsimikizidwe, koma mlatho wotere sunaonekenso kulikonse kumwambaku.

Chondiwawa n'chakuti phokoso limeneli limaphimba chinthu chodabwitsa chimene chinayesedwa n'kupezeka choona. Nthawi siyenda mofanana paliponse. Mu 1971, Joseph Hafele ndi Richard Keating anakweza mawotchi a atomu m'ndege zonyamula anthu n'kuzungulira nawo dziko, ndipo pobwera anali atasiyana ndi amene anatsala pansi monga momwe masamu a Einstein ananenera. Masetilaiti a GPS amene foni yanu imadalira ali pamtunda wa makilomita pafupifupi 20,200. Liwiro lawo limachedwetsa mawotchi awo ndi magawo 7 mwa magawo 1 miliyoni a sekondi patsiku, koma kufooka kwa mphamvu yokoka kumtundako kumawafulumizitsa ndi magawo 45. Otsala ndi 38. Akatswiri akanapanda kukonza kusiyanaku, mapu a pa foni bwenzi akusokera ndi makilomita oposa 10 tsiku lililonse. Mu 2010 asayansi a bungwe la NIST ku America anaona kusiyana kwa nthawi atangokweza wotchi imodzi ndi masentimita 33.

Onani kukula kwake. Sergei Krikalev wa ku Russia anakhala mumlengalenga masiku 803 onse pamodzi, ndipo nthawi yake inatsalira pa yathu ndi pafupifupi gawo limodzi mwa magawo 50 a sekondi. Anapita kutsogolo, osati kumbuyo. Kuyesa konse kumene kwachitika kumaloza mbali imodzi yomweyo: wina angathe kukalamba mochedwerapo kuposa mnzake, koma palibe anabwererapo ku dzulo.

Kakanema kotere kakakufikani, funsani dzina la amene anachita kafukufukuyo, magazini imene anasindikizamo, komanso ngati anayesa chinthu chenicheni kapena anangoyerekeza pa kompyuta. Ngati woyankhulayo akupempha ndalama kapena akuti mutumize kwa anthu 10, fufutani.