Ntchito ya Zisudzo ku Poland: Krystyna Janda ndi Amayi Anzake a pa Nsanja

Ku Poland munthu wochita zisudzo amawerengedwa ngati wantchito wophunzira, yemwe luso lake limayamba layesedwa pa nsanja, pamaso pa oonerera amene alipira khomo, asanaonekere m'mafilimu, ndipo kwa zaka zoposa 200 ntchitoyi yakhala yolukana ndi ndale za dzikolo moti n'kovuta kufotokoza ina n'kusiya inzake. Nyumba ya zisudzo ya fuko lonse, Teatr Narodowy, inakhazikitsidwa ku Warsaw mu 1765, koma patangotha zaka 30 maufumu a Russia, Prussia ndi Austria anamaliza kugawana dzikolo, lomwe linafafanizika pa mapu mpaka 1918. M'nyengo yaitali imeneyo, pamene m'madera ambiri Chipolishi chinkathamangitsidwa m'masukulu ndi m'maofesi, nsanja inali pakati pa malo ochepa pomwe chilankhulocho chinkamvekabe pagulu, ndipo wazisudzo anapezeka atasenza udindo wosunga mawu a mtundu wake, udindo umene sanaupemphe.

Helena Modrzejewska, yemwe anabadwira ku Kraków mu 1840, ndiye anaika muyeso umene obwera pambuyo pake akhala akuyesedwa nawo. Atatchuka ku Kraków ndi ku Warsaw, anasamukira ku California mu 1876 pamodzi ndi mwamuna wake ndi abwenzi ochepa kukayesa ulimi ku Anaheim. Ulimiwo utakanika, anaphunzira Chingelezi mwachangu, nafupikitsa dzina lake kukhala Modjeska, ndipo mu 1877 anakwera nsanja ku San Francisco, chimene chinali chiyambi cha zaka pafupifupi 30 zoyendayenda m'mizinda ya America, makamaka ndi masewero a Shakespeare. Mu 1893 analankhula ku Chicago za mavuto a amayi a kwawo pansi pa ulamuliro wachilendo, ndipo boma la Russia linamuletsa kupondanso m'dera lake. Anamwalirira ku California mu 1909, mtembo wake n'kukaikidwa ku Kraków, komwe nyumba ya zisudzo ya Stary Teatr imadziwika ndi dzina lake.

Modrzejewska anaphunzira ntchito m'gulu loyendayenda m'matauni ang'onoang'ono, koma m'zaka za m'ma 1900 luso limeneli linalowa m'masukulu a boma, omwe akuluakulu ake ali ku Warsaw, Kraków ndi Łódź. Khomo lolowera ndi lopapatiza kwambiri, pakuti ofuna malo amakhala mazanamazana pomwe otengedwa pa chaka ndi ochepa chabe, ndipo atsikana ndiwo amapanikizika koposa chifukwa amabwera ochuluka kuposa anyamata pamene masewero akale ali ndi mbali zambiri za amuna. Wophunzira amatha zaka zinayi kapena kuposerapo akuumbidwa pa katchulidwe ka mawu, kulakatula ndakatulo, kuimba, kuvina ngakhalenso kumenyana ndi lupanga, ndipo amamaliza ndi sewero loonetsedwa pagulu, komwe akuluakulu a nyumba za zisudzo amabwera kudzasankha antchito. Amene sanadutse m'sukulu angathe kulemba mayeso apadera pamaso pa bungwe la a zisudzo la ZASP, lomwe linakhazikitsidwa mu 1918. Krystyna Janda, wobadwira ku Starachowice pa 18 Disembala 1952, anamaliza sukulu ya ku Warsaw mu 1975, ndipo asanamalize n'komwe mphunzitsi wake Aleksander Bardini anali atamupatsa kale mbali ya Masha m'sewero la Anton Chekhov lonena za atsikana atatu apachibale, lomwe linaonetsedwa pa wailesi yakanema. Mu 1976 anasewera ngati Dorian Gray, mnyamata wa m'nthano ya Oscar Wilde, ndipo anthu a ku Warsaw anayamba kumuyang'anitsitsa.

Dongosolo limene Janda analowamo linaumbidwa mu 1949, pamene boma la chikomyunizimu linatenga nyumba za zisudzo kukhala zake, wazisudzo n'kusanduka wantchito wolembedwa pa malo okhazikika otchedwa etat. Mwini etat amalandira malipiro mwezi ndi mwezi, kaya wapatsidwa mbali yaikulu kapena amangolowa pa nsanja kudzapereka kalata n'kutuluka, ndipo nyumba yake imasunga masewero angapo nthawi imodzi n'kumawasinthanitsa, kotero kuti mayi mmodzi akhoza kukhala mfumukazi Lachiwiri, wantchito wa m'nyumba Lachitatu, ali ndi mawu a masewero asanu m'mutu. Tsiku limayamba 10 koloko m'mawa ndi kuyeserera sewero latsopano mpaka 2 koloko masana. Sewero la madzulo limayamba cha m'ma 7 koloko, ndipo maola apakatiwo ndiwo a kuthamangira ku wailesi kapena kojambula filimu kuti apeze kowonjezera, popeza malipiro a etat sanakhalepo onenepa. Kuseri kwa chinsalu kuli antchito ena amene oonerera sawaona: inspicjent, yemwe amayendetsa sewero lonse ali pambali pa nsanja, kuitana osewera ndi kulamula magetsi, sufler, wonong'oneza mawu kwa amene waiwala, ndi garderobiana, mayi wosamalira zovala, yemwe amadikira mumdima ndi diresi lomasula kale mabatani kuti wosewera asinthe m'kamphindi. Lolemba nyumba zambiri zimapuma, ndipo madzulo a tsiku limenelo ndi pamene wailesi yakanema ya boma yakhala ikuonetsa masewero a Teatr Telewizji, omwe anayamba mu 1953 n'kufikitsa nkhope za a zisudzo m'midzi yomwe inalibe nsanja. Janda anagwira ntchito ya etat ku Teatr Ateneum kuyambira 1976 mpaka 1987, kenako ku Teatr Powszechny.

Chimene chinamutchukitsa m'dziko lonse ndi filimu ya Andrzej Wajda yotchedwa Człowiek z marmuru, yomwe inatuluka mu 1977. Janda anasewera ngati Agnieszka, wophunzira za mafilimu amene akufufuza mbiri ya Mateusz Birkut, womanga nyumba wa ku Nowa Huta yemwe boma linamukweza ngati ngwazi ya antchito m'zaka za m'ma 1950 kenako n'kumutaya. Amayi a m'mafilimu a ku Poland nthawi zambiri ankaoneka ofatsa, odikira amuna opita kunkhondo. Agnieszka anabwera atavala jinzi, akuyenda ndi mapazi ataliatali, ndudu ili kukamwa, akudula mawu akuluakulu. Pa chithunzi china amazembera m'chipinda chosungiramo katundu cha nyumba ya zinthu zakale, napeza chifaniziro cha mwala cha Birkut chitagonekedwa pansi, n'kuchikwera pamwamba kamera ili m'manja kuti achijambule mobisa. Ena ananyansidwa ndi kaseweredweko ponena kuti n'kopitirira, ndipo n'zoona kuti mtsikanayo sakhazikika ngakhale kamphindi, koma kusakhazikikako ndiko kunanena zimene mawu sakanaloledwa kunena za m'badwo wotopa ndi mabodza. Mu 1981 anabwereranso ngati Agnieszka mu Człowiek z żelaza, filimu yonena za sitiraka ya ku Gdańsk ndi kubadwa kwa bungwe la antchito la Solidarność, yomwe inalandira mphoto yaikulu ya pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, ndipo chaka chomwecho anaonekera mu Mephisto ya István Szabó wa ku Hungary, yomwe inapata mphoto ya Oscar.

Malipiro okhazikika anali ndi mtengo wake, womwe unali chilolezo. Sewero lililonse ndi filimu iliyonse zinkadutsa mu ofesi ya boma younika zolembedwa ndi zoonetsedwa, yomwe likulu lake linali pa msewu wa Mysia ku Warsaw ndipo inathetsedwa mu 1990, moti a zisudzo ndi oonerera anaphunzira kumvana ndi kakwezedwe ka mawu kapena kachetechete woikidwa pamalo pake. Nthawi zina boma nalo linkamva: mu Januwale 1968 linatseka Dziady, sewero la Adam Mickiewicz lomwe Kazimierz Dejmek anakonza ku Teatr Narodowy, ndipo zionetsero za ophunzira zimene zinatsatira zinathera m'kampeni yothamangitsa Ayuda, yomwe inachititsa kuti Ida Kamińska, mtsogoleri wa nyumba ya zisudzo za Chiyidishi ku Warsaw, achoke m'dzikomo. Ntchito ya Janda imene ambiri amati ndiyo yoposa zonse inagwa m'dzenje lomweli. Mu Przesłuchanie, filimu ya Ryszard Bugajski yomalizidwa mu 1982, iye ndi Tonia, woimba wa m'malo achisangalalo wosadziwa kanthu za ndale, amene apolisi achinsinsi a nthawi ya Stalin amamutsekera ndi kumuzunza kuti anamizire mnzake, koma iye amakana mpaka mapeto. Filimuyo inaletsedwa kwa zaka zisanu ndi ziwiri, anthu n'kumaionera m'nyumba zawo pa matepi okopedwa mobisa, ndipo itamasulidwa mu 1989 Janda analandira mphoto ya wosewera wamkazi wopambana ku Cannes mu 1990, pa ntchito imene anaigwira ali ndi zaka zosakwana 30.

Mbali yodabwitsa ya mbiri ya ntchitoyi ndi yakuti kawiri konse a zisudzo a ku Poland analemekezedwa chifukwa chokana kusewera. Ajeremani atalanda dzikolo mu 1939, ZASP, yomwe inkagwira ntchito mobisa, inaletsa mamembala ake kuonekera m'nyumba za zisudzo zololedwa ndi adaniwo, ndipo akatswiri otchuka anakhala operekera tiyi m'malesitilanti monga U Aktorek ku Warsaw, komwe ogwira ntchito anali amayi a zisudzo. Pa 13 Disembala 1981 mtsogoleri wa boma Wojciech Jaruzelski atalengeza ulamuliro wa asilikali, a zisudzo ananyanyala wailesi ndi wailesi yakanema za boma kwa pafupifupi chaka, ngakhale kuti kumeneko n'komwe kunkachokera ndalama zowonjezera ndi kutchuka. Ena, monga Ewa Dałkowska, ankachita masewero m'nyumba za anthu ndi m'matchalitchi. Oonerera nawo anali ndi chilango chawo: wosewera amene waonekera pa kanema kuyamikira asilikali ankati akangokwera nsanja, anthu ankawomba m'manja osalekeza mpaka mawu ake osamveka. Boma linayankha pothetsa ZASP mu Disembala 1982. Janda, yemwe anali atadziwika kale kunja, anagwirako ntchito m'mafilimu a ku France ndi ku Germany m'zaka zimenezo, mwayi umene anzake ambiri analibe.

Chikomyunizimu chitagwa mu 1989 chilolezo chinaleka kuvuta, ndalama n'kuyamba kuvuta. Nyumba zambiri za zisudzo zinapita m'manja mwa makhonsolo a mizinda ndi zigawo, malo a etat anachepa, ndipo omaliza sukulu ambiri lero amakhalira maganyu: masewero a pa kanema otsatizana mlungu ndi mlungu, kutsatsa malonda, kuika mawu a Chipolishi m'makatuni ndi kuwerenga mabuku ojambulidwa mawu, kawirikawiri pa mapangano osapereka penshoni. Janda anaona msanga kuti wosewera amene oonerera amamutsatira ali ndi chuma chimene bwana sangamulande. Shirley Valentine, sewero la munthu mmodzi lolembedwa ndi Willy Russell, lomwe anayamba kulichita mu 1990, analibwereza maulendo mazanamazana m'mizinda yaikulu ndi yaing'ono. Mu 2004 anakhazikitsa bungwe lake lothandiza za chikhalidwe, mu 2005 anatsegula Teatr Polonia m'nyumba yakale yoonetseramo mafilimu pafupi ndi bwalo la Plac Konstytucji, ndipo mu 2010 anawonjezera Och-Teatr m'nyumba ina yotero m'dera la Ochota. Kuyambira pamenepo wakhala wosewera, wotsogolera masewero komanso wolemba anzake ntchito, amene ayenera kuwerengera mipando yogulidwa asanasankhe sewero lotsatira, ndipo n'chifukwa chake masewero oseketsa amene amadzaza holo amayendera limodzi ndi olemera monga Danuta W. wa 2012, wochokera m'buku la mkazi wa Lech Wałęsa, yemwe anatsogolera Solidarność, ndi Zapiski z wygnania wa 2018, wonena za Ayuda othamangitsidwa mu 1968. M'nyengo yotentha gulu lake limachita masewero aulere panja, anthu odutsa n'kuima kuonerera.

Mwamuna wa Janda, Edward Kłosiński, katswiri wa kamera amene anajambula Człowiek z marmuru, anamwalira mu Januwale 2008, ndipo m'filimu ya Wajda ya 2009 yotchedwa Tatarak Janda amafotokoza yekha, m'chipinda cha hotela, mmene matendawo anayendera, ndi mawu amene analemba mwini wake. Ukalamba umachepetsa mbali za amayi m'mafilimu msanga kuposa za amuna, ndipo ZASP, yomwe inadzayambiranso, imasunga nyumba ya a zisudzo okalamba ku Skolimów, kufupi ndi Warsaw, ya amene ntchito yawathera. Komabe nsanja yasunga ena nthawi yaitali modabwitsa. Janda analandira mphoto pa chikondwerero cha mafilimu cha Sundance mu 2019, ali ndi zaka 66, chifukwa cha filimu ya Dolce Fine Giornata. Danuta Szaflarska, wobadwa mu 1915, yemwe ankanyamula mauthenga a omenyera ufulu pa kuukira kwa ku Warsaw mu 1944 ndipo anasewera mu Zakazane piosenki, filimu yoyamba yaitali kuonetsedwa m'dzikomo nkhondo itatha, anatenga mbali yaikulu mu Pora umierać mu 2007, nalowa gulu la TR Warszawa ali ndi zaka za m'ma 90, ndipo ankakwerabe nsanja atapitirira zaka 100, asanamwalire mu Febuluwale 2017.