Percy Sledge: nyimbo idatchuka ndi mawu ake, ndalama zidapita kwa ena

Kwathu ku Khuyu, pachilumba cha Likoma, nyimbo zachilendo zinkabwera pa Ilala. Amalume pochokera ku Joni adatsika ndi sutikesi, galamafoni ndi zimbale zingapo, ndipo chimbale chomwe chidatha msanga n'kuimbidwa chidali cha bambo wina wa mpata kumano, Percy Sledge. Chingerezi chake ambirife sitinkachimva, koma zoti munthuyu akulira aliyense ankamva.

Amalumewo sadamutole mwangozi. Sledge adali dolo ku South Africa. Mu 1970 adakaimba ku Luxurama mumzinda wa Cape Town, ndipo poyamba boma latsankho lidamuloleza kuimbira anthu omwe si azungu okha. Azungu ena mpaka ankadzizimbaitsa kuti alowe nawo. Tsankho likulu, koma nyimbo akuifuna!

Mkuluyu adabadwira ku Leighton, m'chigawo cha Alabama ku America. Adakula akugwira ntchito m'minda ya thonje, kenako adalembedwa ntchito yothandiza odwala pachipatala china ku Sheffield. Kumathero a sabata ndiye ankaimba ndi gulu la Esquires. Mu 1966 adajambula When a Man Loves a Woman, nyimbo yake yoyamba, ndipo idakafika pa nambala 1 ku America konseko.

Nkhani yagona apa. Pachimbalepo, olemba nyimboyo adalembedwa kuti ndi Calvin Lewis ndi Andrew Wright, anzake a mu Esquires. Sledge ankanena kuti nayenso adaipeka nawo, koma adawasiyira anzakewo umwini pothokoza kuti adamuthandiza. Kaya zoona zake ndi ziti, dzina lake silidalembedwe, ndiye ndalama za wopeka sadazione.

Ndipo sizidali zochepa ayi. Mu 1987 nyimboyo idamveka mu malonda a jinzi za Levi's n'kukwera mpaka pa nambala 2 ku Britain. Mu 1991 Michael Bolton adaiimbanso, naye n'kufika nayo pa nambala 1. Ikaimbidwa ndi wina chonchi, amene amadyerera ndi wopeka, osati uja adaitchukitsa.

Oimba athu ayimvetse nkhaniyi. Bungwe la Cosoma lilipo kuyambira 1992, koma limagawa ndalama potsata maina amene adalembetsedwa. Mnyamata amene wapeka kolasi mu situdiyo n'kumati "zilibe kanthu, ndife amodzi" adziwe kuti chibale chimenecho papepala sichioneka.

Sledge sadasiye kuimba. Adatulutsanso Warm and Tender Love ndi Take Time to Know Her, ndipo adakalamba akuyendabe maiko, omvera akumupempha nyimbo yomweija ya 1966. Mu 2005 adamulowetsa mu Rock and Roll Hall of Fame. Adamwalira pa 14 April 2015 ku Baton Rouge atadwala khansa ya m'chiwindi.

Chimbale cha amalume chija chidapindika ndi dzuwa, wina atachiiwala pawindo.