Kuboola Mitengo ya Maple: Chofunika Kusamala ndi Chilonda

Ku Canada ndi kumpoto chakum'mawa kwa United States, mabanja ambiri amadzipangira manyuchi kuchokera ku madzi a mtengo wa maple, makamaka wa mtundu wa Acer saccharum. Madziwo amakhetsedwa kuyambira February mpaka April, pamene usiku kumazizira kufika pansi pa 0°C koma masana n'kufundirako. Popeza shuga wa m'madzimo ndi magawo awiri okha pa 100 alionse, pamafunika kuwiritsa malita pafupifupi 40 kuti papezeke lita imodzi ya manyuchi.

Shuga amene amachoka pa bowo limodzi ndi wochepa poyerekeza ndi amene mtengo waukulu umasunga m'tsinde ndi m'mizu. Vuto lenileni ndi chilonda. Monga momwe katswiri wa zankhalango Alex Shigo anafotokozera mu 1977, mtengo suchiza mbali yovulala, koma umangoitchinga kuti kuwola kusafalikire. Motero pamwamba ndi pansi pa bowo pamatsala mzere woderapo m'kati mwa tsinde, umene suyendetsanso madzi. Khungwa limatseka bowolo m'zaka zochepa, koma mzerewo umakhalabe. Mizere yotere ikachuluka kuposa mmene mtengo ukunenepera chaka ndi chaka, imalumikizana, zokolola zimatsika, ndipo kuwola kumalowa.

Ichi n'chifukwa chake alangizi a kumeneko amaletsa kuboola mtengo umene tsinde lake silinafike masentimita 25 kapena 30 m'mimba mwake, msinkhu umene umatenga zaka pafupifupi 40. Mtengo wotere umalandira bowo limodzi lakuya masentimita osapitirira 5, ndipo la chaka chotsatira limaboodwa potalikirana ndi lakale. Alimi ambiri anasiya mipopi ya mamilimita 11 natenga ya mamilimita 8, imene imasiya chilonda chaching'ono. Mankhwala a paraformaldehyde, amene kale ankaikidwa m'bowo kuti lisatsekeke msanga, analetsedwa, ndipo anapezeka kuti amakulitsa kuwola. Malangizowa akatsatidwa, mtengo umapereka madzi kwa zaka makumi ambiri.

Manyuchi a maple sapangidwa m'chigawo chathu chino chifukwa kulibe chisanu chotero. Komabe mlangizi amene amagwira ntchito ndi okhetsa uchema kapena oyambula makungwa a mankhwala ayenera kufunsa funso lomwelo: kodi mtengo ukukula mofulumira kuposa mmene ukuvulazidwira?