NDEGE ZOSANJIKIZA: CHIFUKWA NINJI SIZITERA KU LUMBADZI?

Anthu a ku Nsaru, Kabudula ndi Nambuma sazizwa poona ndege, pakuti bwalo lalikulu la Kamuzu ku Lumbadzi silitalikira ndi midzi yao. Koma pali funso limene aphunzitsi ndi antchito a Boma amakomana nalo kawirikawiri: ngati dziko lilikutukuka, nanga bwanji ndege zazikulu zija zosanjikiza, m'mene apaulendo amakhala ena pansi ena pamwamba, sizitera kuno? Funsoli liyenera kuyankhidwa bwino, popeza ena amaliyesa umboni wakuti Malawi watsalira.

Yaikulu koposa zonse mwa ndege zonyamula anthu ndiyo Airbus A380. Inauluka koyamba pa 27 April 2005 ku Toulouse m'dziko la France, ndipo kampani ya Singapore Airlines inayamba kunyamulira anthu mu October 2007. Kuchokera kunsonga ya phiko lina kufika kunsonga ya linzake ndi mamita pafupifupi 80, ndiko kuposa m'mimba mwa bwalo la mpira. Lamulo liiloleza kutenga anthu 853, koma makampani ambiri amaikamo mipando ngati 500. Isanabwere imeneyi, mfumu ya mlengalenga inali Boeing 747, imene inayamba ntchito mu 1970, yokhala ndi chipinda chapamwamba chakumutu kokha.

Malawi sali mlendo pa ndege zazikulu. Bwalo la ku Lumbadzi linatsegulidwa mu 1983, ndipo msewu wake woterapo ndege upitirira makilomita atatu. Mu 1985 Air Malawi inabwereka Boeing 747SP ku South African Airways, niipaka zizindikiro zake, kuti inyamule Dr. H. Kamuzu Banda pa ulendo wa ku London. Makampani a British Airways ndi KLM nawonso anali kufika ku Lilongwe kuchokera ku Ulaya, koma pambuyo pake analeka. Bwalo silinachepe ai. Chimene chinachepa ndi phindu la ulendowo.

Mlimi wa ku Nsaru angathe kumvetsa nkhaniyi msanga kuposa munthu wa m'tauni. Lole yaikulu siyendera khomo lililonse kukatola mabelo awiri a fodya. Mabelo amayamba ulendo pa ngolo, naunjikidwa pamalo amodzi, ndipo akachuluka ndi pamene lole imabwera kuwatengera ku okushoni ku Kanengo. Mwini lole amene ayendetsa galimoto lake lopanda katundu wokwanira amaononga mafuta pachabe. Momwemonso ndege ya mipando 500 ifuna anthu mazana angapo tsiku ndi tsiku, opita njira imodzi. Chifukwa chake ndege zotere zimatera m'mizinda younjikira apaulendo monga Dubai, London ndi Johannesburg, kumene Air France inayamba kufikako ndi A380 mu 2010. Ndiponso bwalo lolandira ndege yotere liyenera kukhala ndi njira zotakata zokhotera, milatho yokwerera ku zipinda zonse ziwiri, ndi antchito okwanira kuona ziphaso za khamu lonselo nthawi imodzi. Kumanga zonsezi apaulendo asanachuluke ndiko kumanga nkhokwe munda usanalimidwe.

Tsono chinthu china chofunika kuchidziwa ndi ichi: maiko olemera omwe atembenuka. A380 ili ndi mainjini anai, ndipo ikapanda kudzaza imadya ndalama zambiri. Makampani anaona kuti ndege zocheperapo za mainjini awiri, monga Boeing 787 ndi Airbus A350, zimafika kutali pa mafuta ochepa. Chotero mu 2019 a Airbus analengeza kuti aleka kupanga A380, ndipo yotsiriza inaperekedwa mu December 2021. Zonse zimene zinagulitsidwa zinali 251, ndipo 123 mwa izo zinapita ku kampani imodzi yokha, Emirates. Boeing 747 yotsiriza inaperekedwa mu January 2023. Zilipo zambiri zimene zikuulukabe, koma zatsopano sizipangidwanso.

Njira imene Boma linasankha igwirizana ndi nzeru imeneyi. Air Malawi itatha mu 2013, kampani yatsopano inayamba kuuluka mu 2014, Boma litatenga magawo 51 pa 100 ndipo Ethiopian Airlines magawo 49. Ntchito ya ndege zocheperapo ndiyo kutengera anthu ku mizinda younjikira ija, monga ngolo itengera mabelo kumene lole iima. Nyumba za pabwalo la Kamuzu zinakuzidwanso ndi chithandizo cha Boma la Japan, ntchito imene inatha mu 2019.

Choncho mphunzitsi akafunsidwa ndi ana a sukulu, asawauze kuti ukulu wa ndege ndiwo muyeso wa dziko. Awauze kuti ndege imatsata anthu ndi malonda. Alimi akachulukitsa zokolola zogulitsa kunja, alendo akachuluka ku Nyanja, ndipo amalonda akamapita ndi kubwera, makampani a ndege adzafika okha osaitanidwa. Akulu anati tsokonombwe anatha mtunda ndi kudumpha.