Kodi Mlandu Umatha Anthu Akagwirizana Kumudzi?

Nsomba zimene timawedza kunyanja sizithera padoko. Usipa ndi utaka wouma umakafika kumisika ya kumtunda monga Mitundu ndi Nathenje m'boma la Lilongwe. Ena mwa ife timapita nazo tokha, ena timakongoza anthu ageni ochokera kumeneko. Pamene pali ndalama ndi ngongole, mikangano siilephera, ndipo ina imakafika kupolisi ndi kukhoti. Mitima ikatsika, achibale a mbali ziwiri amakhala pansi, wolakwa napepesa. Apa m'pamene makomiti a m'madoko amafunsidwa kuti: popeza tagwirizana, kodi mlandu sunathe?

Yankho n'lakuti mlandu umene walowa kale m'khoti suthetsedwa ndi amfumu, komiti kapena wodandaula. Woimba mlandu ndi boma, ndipo wodandaula amangokhala mboni.

Zimene lamulo likunena

Gawo 161 la lamulo la kazengedwe ka milandu, Criminal Procedure and Evidence Code, limalola khoti kulimbikitsa anthu kuti ayanjane. Khoti likavomereza zimene agwirizana, monga kupereka chipepeso, likhoza kuimitsa mlanduwo kapena kuuthetseratu. Koma mwayiwu uli ndi malire atatu. Mlanduwo ukhale wokhudza anthu awiriwo basi, osati mtundu wonse. Usakhale wa m'gulu la milandu ikuluikulu imene lamulo limaitcha felony. Ndiponso usakhale wochitidwa mwankhanza zopitirira.

Tiyerekeze kuti msodzi wapita ku Mitundu kukalondola ngongole ya nsomba zake. Akangana ndi wageni, namuwomba khofi, koma osamuvulaza. Mlandu wotere ndi umene lamuloli limautchula poyambirira. Awiriwa akayanjana, majisitireti akhoza kuutseka. Koma msodziyo akanatema mnzakeyo ndi chikwanje n'kumuvulaza kwambiri, chipepeso sichikanatseka mlandu.

Tizindikirenso kuti lamulo likuti khoti likhoza, silikuti liyenera. Majisitireti akaona kuti wodandaula waopsezedwa kapena wakakamizidwa ndi achibale, ali ndi mphamvu yokana.

Milandu yosatheka kukambirana

Kuba ukonde, matchera, bwato kapena injini ndi mlandu waukulu pa malamulo a dziko lino. Wakuba akabweza katundu, khoti likhoza kuganizirapo popereka chilango, koma kubwezako sikufafaniza mlandu. Chimodzimodzi kulanda mochita kuopseza, kuotcha nyumba ndi kupha munthu.

Kugwirira mzimayi ndi kugona ndi mwana sizikambidwa pansi pa mtengo. Kuyambira m'chaka cha 2017, malamulo aakulu a dziko lino amati mwana ndi aliyense wosakwana zaka 18. M'madoko mwathu timamva za makolo olandira ndalama kapena nsomba kuti akhale chete mwana wawo atachitidwa chipongwe. Tidziwe kuti kulandira kanthu pofuna kubisa mlandu waukulu nakonso ndi mlandu. Nkhani zotere tipite nazo msanga kuchipatala ndi kupolisi.

Nanga milandu ya usodzi?

Munthu wogwidwa akukoka khoka nthawi yotseka nyanja, kapena akupha kasawala ndi masikito, sanalakwire munthu mmodzi amene angamupepese. Walakwira tonse odalira nyanja, kuyambira msodzi mpaka mayi wogula ndiwo ku Nathenje. Ntchito yosamala nsomba mogwirizana ndi asodzi inayambira ku nyanja ya Malombe m'chaka cha 1993, ndipo lamulo la za usodzi la 1997 linapereka mpata woti anthu akumudzi azitengapo mbali. Makomiti angathe kulanga motsata malamulo a padoko amene anavomerezedwa. Koma nkhani ikapita kukhoti, wapampando sangalembe kalata yakuti tamukhululukira n'kuyembekeza kuti mlandu watha. Komiti yolandira kangachepe kuti ibweze zida zolandidwa imadziphera yokha ulemu.

Ndani winanso angaimitse mlandu?

Wapolisi woimira boma pa milandu akhoza kuchotsa mlandu m'khoti la majisitireti chigamulo chisanaperekedwe, koma khoti livomere kapena akhale atalamulidwa ndi mkulu wozenga milandu ya boma. Mkuluyu ali ndi mphamvu zoimitsa mlandu pa gawo 99 la malamulo aakulu a dziko, ndipo amayenera kufotokoza zifukwa zake ku komiti yoona za malamulo ya Nyumba ya Malamulo. Mlandu wochotsedwa woimbidwa mlandu asanayambe kudziteteza ukhoza kudzadzutsidwanso. Paja akulu anati mlandu suwola.

Zoyenera kuchita tikagwirizana

1. Tilembe zimene tagwirizana: kuchuluka kwa chipepeso, tsiku loperekera, ndi mayina a mboni. Onse awiri asaine kapena kudinda chala.

2. Tidziwitse wapolisi woimira boma pa mlanduwo tsiku la khoti lisanafike.

3. Onse awiri akaonekere kukhoti pa tsikulo, ngakhale ulendo wochokera kunyanja ukhale wodula. Wodandaula anene ndi pakamwa pake kuti wavomera mosakakamizidwa.

4. Amene ali pa belo asajombe. Akajomba poganiza kuti nkhani inatha kumudzi, khoti limatulutsa chikalata chomumangira, ndipo omuimira pa belo akhoza kutaya ndalama zawo.

5. Tisachoke tisanamve majisitireti akunena kuti mlandu waimitsidwa kapena watha.

Kuyanjanitsa anthu ndi ntchito yabwino imene mafumu ndi makomiti akhala akuigwira, ndipo imapulumutsa nthawi yowedza, ndalama zoyendera ndi ubale wa asodzi ndi ageni. Chofunika n'kudziwa malire. Pa msonkhano wotsatira wa padoko panu, werengani nkhaniyi pamodzi ndi amfumu ndi mlangizi wa za nsomba, kuti aliyense adziwe milandu yoyenera kukambirana ndi yoyenera kuisiya m'manja mwa khoti.